Bawo ya Chala Chimodzi

Nditabwera ku Joni ndinafikira kwa amalume ku Tsakane, m'nyumba ya zipinda zinayi yokhala ndi mkhukhu kuseri. Mkhukhuwo, kanyumba kamalata kozizira ngati furiji nyengo yachisanu, ndi momwe ndinkagona ine. Amalume ndi achimwene awo a mayi anga. Anachoka kwathu ku Machinga ine ndisanabadwe, ndipo ndinakula ndikuwadziwa pa chithunzi chimodzi chokha, ataima monyadira pambali pa galimoto yofiira imene ndinadzamva pambuyo pake kuti sinali yawo.

Munthu amene ndinamupeza sanali wa pachithunzi uja. Miyezi ingapo ndisanabwere anadwala sitiroko. Dzanja lamanja linkangokhala pamwendo ngati laiwalika pamenepo, ndipo mawu ankatuluka molemera. Lamanzere linali lamoyo, koma linali ndi zala zitatu zokha. Ziwiri zinatsala kalekale mu fakitale yosungunula zitsulo ku Springs. Tsiku lonse ankakhala pampando wa pawindo, TV ikulankhula yokha.

Pamwamba pa kabati panali thabwa la bawo, lakuda ndi mafuta a m'manja, atalitembenuza chafufumimba. Nkhomo zake, timbewu totuwa tosewerera tija, zinali m'chitini cha khofi. Azakhali, akazi awo a amalume, anandiuza kuti kale Lamlungu lililonse pabwalo pawo pankadzaza amuna akumudzi. Ena ankachokera ku KwaThema, ena ku Actonville, alonda, amisiri omanga, ogwira m'magadeni, ndipo ankakhala pansi pa mtengo wa mapichesi mpaka swala, pemphero la madzulo, iwabalalitse. Tsopano sipankabwera munthu. Ine ndinangoganiza kuti anthuwo anathawa matenda, ndipo sindinafunse. Masiku amenewo sindinkafunsa kanthu. Ndinaphunzira sukulu yakumudzi, kumene mwana wabwino anali wokhala chete, ndipo mawu amene ndinkawadziwa bwino kuposa onse anali akuti "chabwino".

Chimene chinkawaopsa azakhali sichinali dzanja. Akuchipatala anali atanena kuti munthu wodwala chonchi amafunika kucheza, kukangana ndi anzake, kugwiritsa ntchito mutu, apo ayi amazilala pang'onopang'ono. Amalume ankakana zonse. Anayamba kunena kuti awakweze basi akadikire kumudzi. Sankatchula chimene akadikire, koma tonse tinkamva.

Ntchito anandipezera ndi azakhali, pa shopu yokonza mafoni ku Actonville. Poyamba ndinkasesa ndi kupukuta magalasi. Pa benchi yokonzera panali mkulu wina wa ku Nkhotakota, wamfupi, wokonda kuseka, amene ndinkamutchula kuti achimwene. Ataona kuti manja anga sanjenjemera, anayamba kundipatsa mafoni osweka sikirini. Anandiphunzitsa kujambula chithunzi ndisanatsegule chilichonse, ndi kumata tisikuluwu pa tepi motsatana ndi momwe ndatichotsera, kuti pobwezera kalikonse kabwerere pabowo pake. Ntchitoyo inandiyanja. Foni sifuna kuti uiyang'ane m'maso.

Kunyumba kunalinso msuweni wanga, mwana wamkazi wotsiriza wa amalume, wobadwira konkuno. Ankaphunzira za makompyuta pa koleji ku Benoni. Chizulu ndi Chingerezi zinkatuluka ngati madzi, koma Chichewa chake chinkatsimphina. Mayi ake atamufotokozera kuti kumudzi asuweni amatchulana mwamuna ndi mkazi mwanthabwala, anachigwira chimenecho osachisiyanso. Kulikonse, ngakhale pamaso pa anzake, ine ndinali "mwamuna wanga wakumudzi", ndipo ndinkangoyang'ana pansi.

Loweruka lina akukonza mu wadiropu anatulutsa kabokosi koyera, kokula ngati mabuku awiri ophatikiza, ndi rimoti yake yaitali. Anali makina a magemu amene bambo ake anamugulira ali ku pulayimale. Polowetsera chimbale panali patafa. Ukayatsa ankangolira ngati chigayo chopanda chimanga. Anati ndikataye, kapena ndikapatse anyamata otola zitsulo.

Ndinatenga rimotiyo m'manja. Inali yogwira ndi dzanja limodzi. Kumtunda kwake kunali kamtanda kosunthira uku ndi uku, pansi pa kamtandako batani lalikulu, zonse pamalo pomwe chala chachikulu chimafika chokha. Nthawi yomweyo ndinaona amalume akusintha siteshoni pa TV ndi chala chachikulu chakumanzere, mosavutika konse. Nkhomo zodzaza dzanja sakanatha kuzifumbata ndi zala zitatu, zinkapulumuka n'kumwazika. Koma batani ankalitha. Sindinauze munthu zimene ndinaganiza. Kabokosiko ndinakabisa mu mkhukhu.

Ndinapita nako kuntchito m'chikwama, ndipo tsiku lonse ndinalephera kuyamba nkhani. Mawa lake, pa nthawi ya tiyi, ndinafunsa.

"Achimwene, kodi chimbale cha bawo chimagulidwa kuti?"

Anaseka mpaka anavula magalasi. Anati makampani opanga zinthu zimenezi sanamvepo za Machinga, ndipo ngakhale chimbalecho chikanakhalapo, ndikanachilowetsa pati? Atatha kuseka anandifotokozera bwinobwino. M'maiko ambiri muli anthu wamba amene amalemba mapulogalamu ndi magemu awoawo kunyumba, n'kumagawa ulere pa intaneti. Makina ngati angawa amatuluka kufakitale atakiyidwa kuti azikana zimenezo. Koma pali njira yowatsegulira kuti azilandira mapulogalamu kuchokera pa memore khadi, chimbale osafunikanso.

"Anyamata amazitcha zofulula pakhomo," anatero. "Ngati kachasu." Anandiyang'ana nkhope n'kukonza. "Kapena thobwa, poti ndinu a Shehe."

Kenaka anasiya nthabwala. Anati ndikalumpha sitepe imodzi, kapena magetsi akathima ndili pakati, kabokosiko kasanduka njerwa, sikadzayakanso, ndizikangotsekereza chitseko cha mkhukhu. Mwini shopu analola kuti ndigwirire pa benchi nthawi ya nkhomaliro, bola mu shopu mwake musakoperedwe magemu ogulitsa a eni ake. Ndinati ine ndikungofuna bawo.

Malangizo anali pa intaneti, m'Chingerezi cholimba. Mzere uliwonse ndinkauwerenga mobwereza, ndipo pondikanika ndinkajambula n'kutumizira msuweni. Apa ndinayenera kumuululira. Ankayankha ndi mawu ojambula, kwinaku akumasulira, kwinaku akundiseka, koma sanauze bambo ake.

Choyamba chinali kufufuza m'makinamo nambala yake yobadwa nayo, n'kuilemba pa tsamba lina la pa intaneti, limene limakukonzera kafayilo koyenera makina ako okha. Kafayiloko umakaika pa memore khadi. Makhadi atsopano amene tinkagulitsa mu shopu kabokosiko kanawakana onse, anali aakulu kwambiri kwa iko. Achimwene anafukula m'dirowa ya zakufa n'kupeza kakhadi kakale kochokera mu kamera. Ndinakoperapo, ndinalowetsa, ndinapita pamalo pomwe malangizo ankati ndipeza envelopu yofiira. Panalibe kanthu.

Masiku angapo ndinabwereza zomwezo, nkhomaliro ikuzizira pambali. Ndinafufuta khadi, ndinayambiranso, panalibe. Tsiku lina maso anga anagwera pakona ya sikirini pomwe pamakhala deti. Makinawo ankakhulupirira kuti tidakali m'chaka chimene ine ndinkayamba Sitandade 1. Kabatire kosunga nthawi kanali katatha kalekale mu wadiropu muja, ndipo envelopu ija imaoneka pokhapokha deti likagwirizana ndi la kafayilo. Ndinasintha kabatireko, ndinakonza deti. Envelopu inali apo, yofiira piriwiri, ngati inkandidikira.

Linali Lachisanu, titangobwera kumzikiti ku pemphero la Juma. Ndandanda ya magetsi inkaonetsa kuti masana omwewo dera lathu lithima. Ine ndinkafuna kudikira mpaka Lolemba, koma achimwene anazula chingwe pakhoma n'kuchilumikiza ku invata ya shopu, bokosi la mabatire limene limatenga malo magetsi akapita. Anati ndikadikira Lolemba ndidikiranso Lolemba lina. Ndinati bisimila, ndinadina.

Sikirini inada bii. Kenaka timalemba toyera tinayamba kutsika mothamanga ngati linthumbu. Malangizo ankati usanakhudze china chilichonse, yamba wakopera zonse za m'mimba mwa makina n'kuzisunga pa khadi, kuti akafa udzathe kuwadzutsa. Anthu ambiri amalumpha pamenepa chifukwa pamachedwa. Ine sindinalumphe. Timabokosi tobiriwira tinayamba kudzaza sikirini, kamodzikamodzi, ngati munthu akudzala mbeu m'mapando. Tili chapakati, msewu wonse unati zii. Furiji ya mu butchala ya pafupi inasiya kulira, kutali majenereta anayamba kutsokomola. Invata inalira kamodzi. Timabokosi tija tinapitirira kubiriwira.

"Puma, mphwanga," anatero achimwene. "Ukomoka makina asanakomoke."

Ndipamene ndinazindikira kuti ndagwira m'mphepete mwa benchi ndi manja onse.

Zotsalazo zinayenda msanga. Titayatsanso, pakati pa zithunzi zakale panaoneka khomo latsopano, lamtundu wa madzi, thovu likukwera m'mwamba. M'kati munalibe kanthu, ngati nyumba yongomangidwa kumene. Bawo ndinaipeza nditafufuza kwambiri. Anailemba ndi munthu wina wa kugombe la nyanja yamchere, ndipo anaisiya yotsegula kuti aliyense wofuna asinthe zimene akufuna. Nditaiyatsa ndinaona mizere inayi ya maenje, ndipo nkhomo ikagwera m'dzenje inkamveka kuti kho, pafupifupi ngati ya pathabwa lenileni.

Gemuyo inali ndi tsamba losankhira zinthu. Umasankha mphamvu ya mdani wako, kuyambira wophunzira kumene mpaka katswiri. Umasankha ngati ukufuna manambala pamwamba pa maenje, okuuza kuti muli nkhomo zingati. Panalinso kamuvi kokulozera dzenje labwino kuyambira. Ndinakhala nthawi yaitali patsambalo. Ndinaganiza kuti amalume ndi munthu wamkulu, ndi wodwala, rimotiyi sanaigwirepo. Makina amene ndabweretsa ine akawagonjetsa pamaso pa akazi awo ndi mwana wawo, ndiye kuti wawachititsa manyazi ndine. Kwathu anatilera kuti munthu wamkulu umamupatsa mpando wabwino, nyama yofewa, njira yopanda minga. Ndinasankha mdani wofooka kuposa onse, ndinayatsa manambala, ndinayatsa kamuvi.

Loweruka masana ndinalumikiza kabokosiko ku TV ya pabalaza. Ndinagwada pambali pa mpando wawo n'kupereka rimoti ndi manja awiri. Anaiyang'ana osailandira.

"Aikona," anatero, m'chilankhulo chosakaniza chimene anaphunzira kufakitale, kutanthauza iyayi. "Zidole za ana."

Ndikanazula zingwe pomwepo. Koma msuweni ananditsomphola rimotiyo, anadziponya pa sofa, n'kuyamba kusewera. Bawo sankaidziwa ngakhale pang'ono. Ankangodina paliponse, nkhomo zake zikudyedwa, iye akusangalala. Amalume anayamba ndi kuyang'ana kuwindo. Kenaka ndinaona diso likubwerera. Kenaka mlomo unayamba kugwedera.

"Iwe, ukuphwasula nyumba chifukwa chiyani? Bweretsa kuno."

Atangoigwira anaona chimene ine sindinaone. Nyumba, dzenje lalikulu lija limene aliyense amayamba nalo, inali ndi nkhomo zisanu ndi imodzi. Anati kwathu nyumba imayamba ndi zisanu ndi zitatu, ndipo zotsala m'manja zimachepa ndi ziwiri. "Ameneyu ndi Mswahili," anatero, n'kubweza rimoti. Mtima wanga unagwa, koma msuweni anatulutsa khadi ija, anailowetsa mu laputopu yake, n'kutsegula fayilo ya malamulo a gemuyo. Tinayenda mzere ndi mzere, iye akuwerenga, ine ndikuloza, mpaka tinapeza manambala awiriwo. Tinawasintha. Titabwezera khadi, nyumba inali yonenepa ngati ya kwathu.

Amalume anasewera. Chala chinkaphonya poyamba, koma posakhalitsa chinazolowera. Anapambana. Azakhali anatuluka kukhitchini akupukuta manja, n'kuima pakhomo. Anapambananso. Ine ndinali nditakhala pansi pafupi ndi TV, mtima uli mbee. Gemu yachitatu anaimaliza mofulumira kwambiri, osayang'ana n'komwe bwinobwino. Kenaka anaika rimoti pa mkono wa mpando.

"Thimitsa," anatero.

Anatembenukira kuwindo. Mawa lake sanaikhudze, mkuja wake chimodzimodzi. Sabata imeneyo analankhula mochepa kuposa kale, ndipo nkhani ya basi inabwereranso. Ine ndinkafika kuchokera kuntchito, ndinkapereka moni, n'kuthawira mu mkhukhu. Ndinkaunguza m'mutu chimene chalakwika. Mwina zithunzi n'zazing'ono, mwina batani likuwapweteka chala.

Lamlungu m'mawa azakhali anandiitana kuseri, komwe ankayanika zovala. Anandipatsa beseni kuti ndiwagwirire, n'kundifunsa ngati ndikudziwa chifukwa chake amuna aja anasiya kubwera. Ndinati mwina anatanganidwa. Anapukusa mutu. Anati anthuwo sanathawe, anachita kuthamangitsidwa. Amalume atangotuluka m'chipatala, onse anabwera Lamlungu loyamba lomwe. Mnzawo wapamtima, telala wa ku KwaThema amene akhala akulimbana naye pa bawo kwa zaka zambiri, anadzipereka kuti aziwayendetsera nkhomo. Ndipo aliyense wokhala mbali inayo ankagonja. Munthu ankaona poti adye, n'kulambalala dala. Panalibe wotukwana, panalibe woseka, onse ankangoti mwasewera bwino, mwasewera bwino. Lamlungu lachiwiri amalume anakankha thabwa ndi phazi, n'kuwafunsa ngati abwera kudzakhuza maliro mwini wake akuona.

"Amalume akowa pa bawo anali munthu wamwano," anatero azakhali, akukung'untha malaya. "Ndipo anzawo ankawabwezera mwano womwewo. Panopa aliyense akuwagwira ngati dzira. Iwenso wabwera ndi makina ogwira ngati dzira."

Sanandikalipire. Anangotenga beseni lawo.

Ndinadikira kuti amalume alowe kukasamba, ndipo ndinatsegula tsamba lija. Ndinathimitsa kamuvi. Ndinathimitsa manambala, kuti nkhomo aziziwerenga ndi maso monga amachitira pathabwa. Pa mphamvu ya mdani chala changa chinaima pakati, chifukwa mtima unkandiuza kuti pakati ndiye paulemu. Ndinakankha mpaka kumapeto.

Atakhala pampando wawo ndinagwadanso pomwe paja. Ndinawauza kuti gemu ija ndinaifooketsa ndine, poopa kuti ingawavute.

"Ndinaona," anatero. "Inkandisiyira nkhomo pakamwa ngati thadzi lodyetsa anapiye. Unandiyesa ndani?"

Ndinayang'ana pansi.

"Nanga panopa?"

"Panopa sikumverani chisoni, amalume."

Anatambasula dzanja la zala zitatu lija.

Gemuyo sinachedwe. Makina anawadya kumanzere, anawadya kumanja, anagwetsa nyumba yawo asanaigwiritse ntchito, ndipo mzere wawo wakutsogolo unatsala mbee. Ine ndinkafuna pansi patatseguka. Amalume anayang'anitsitsa TV, mpweya ukutuluka m'mphuno mwamphamvu.

"Galu iwe," anatero kwa TV, mawu omveka bwino kuposa onse amene ndinawamvapo chibwerere. "Bwezera."

Kukhitchini ndinamva azakhali akuseka, kuseka kotsekera pakamwa ndi nsalu.

Anagonja tsiku lonselo, ndipo anagonja masiku ambiri otsatira. Ndikamabwera kuntchito ndinkawamva ndili pageti, akukangana ndi TV m'Chichewa, m'Chiyao ndi m'chilankhulo cha kufakitale, zonse pamodzi. Ankaitcha Mswahili, ngakhale tinali titaiphunzitsa malamulo a kwathu. Pa chakudya ankandifotokozera momwe Mswahiliyo amatcherera misampha, kuti amatakata, kuyendetsa nkhomo osadya, dala pamalo opanda phindu kuti iwe utsegule mbali. Mawu ankapunthwabe, koma sankawasiyanso panjira. Msuweni anati bambo ake ayamba kumusokoneza powerenga, ndipo ananena zimenezi akumwetulira.

Tsiku limene anapambana koyamba, anandituma ndisanavule n'komwe nsapato. Anati ndiimbire atelala, ndiwauze kuti kuno kuli munthu wofuna kumenyedwa. Ndinafunsa kuti munthu wake ndani. Anati iwo akamva adziwa.

Panafunika rimoti yachiwiri. Ndinaipeza pa tebulo la zinthu zakale mumsika ku Springs, yachikasu ndi ukalamba, yopanda chotsekera mabatire. Ndinaitsuka m'kati ndi kaburashi, ndinamata mabatire ndi tepi, ndipo inagwirizana ndi kabokosi kathu.

Atelala anafika Lamlungu masana. Anali munthu wamtali, wa ndevu zoyera, tepi yoyezera ikusuzumira m'thumba la jekete. Anapereka salamu mofatsa kwambiri, akuyang'ana dzanja la amalume kenaka n'kuthawitsa maso. Ndinawaonetsa mabatani. Anadandaula kuti zala zawo zinazolowera singano, osati zoseweretsa za azungu, koma anakhala.

Gemu ili pakati, ngakhale ine wosadziwa bwino ndinaona kuti atelala ali ndi poti adye zambiri. Kuwala kosonyeza dzenje losankhidwa kunaima pa dzenje loyenera. Kunakhala pamenepo. Kenaka kunasuntha pang'onopang'ono kupita pa lina lopanda kanthu.

"Bwererani," anatero amalume osatembenuka. "Pa TV pano zonse zikuoneka. Mukandisiyira, geti ndi ilo."

Atelala anabweza kuwala pa dzenje lija. Kenaka anakoka mpando kuyandikira, anavula jekete n'kundipatsa kuti ndiwagwirire.

"Chabwino, madala. Ndimati ndikulemekezeni pakhomo panu. Mwaziputa nokha."

Anadya, anadyanso, nkhomo zikulira kho kho kho kuzungulira thabwa lonse, ndipo podya ankaimba kanyimbo kopanda mawu kamene amalume anati akhala akudana nako chiyambire. Amalume anawauza kuti amasewera ngati momwe amasokera, mwendo wina wautali wina waufupi. Atelala anayankha kuti munthu wogonjetsedwa ndi kabokosi ka mwana wa pulayimale asamalankhule pagulu. Anakangana mpaka tiyi anazizira.

Lamlungu lotsatira anabwera atatu, kenaka anachuluka moti pabalaza panachepa. Tinayamba kutulutsa TV panja, pansi pa mtengo wa mapichesi, chingwe chachitali chikudutsa pawindo. Dzuwa linkawalira pa sikirini, choncho ndinkapachika bulangeti pa waya woyanikira. Ena ankanyoza kuti bawo yopanda kukhudza nkhomo si bawo, koma pamzere wodikira rimoti sankachokapo. Mlonda wina wa ku Actonville anandikokera pambali kundifunsa ngati kabokosi kotere kangapezeke kena, koti azisewera kuntchito. Achimwene a ku shopu atamva anati ndasanduka wofulula wa dera lonse.

Lamlungu lina magetsi anathima gemu ili pakati. Kunyumba tinalibe invata. Amuna aja anadandaula, ena anayamba kufunafuna zipewa zawo. Amalume anandiyang'ana.

"Katenge thabwa pakabati."

Ndinalitsitsa, ndinapukuta fumbi, ndinakhuthula nkhomo m'chitini muja. Anandiuza kuti ndikhale pambali pawo ndikhale dzanja lawo. Iwo ankaloza dzenje ndi chala n'kunena mbali, ine ndinkafumbata n'kuyendetsa. Ndikachedwa ankanditcha kamba. Ndikagwetsa nkhomo ankauza anthu kuti mlongo wawo anawatumizira dzanja lobooka. Palibe anawasiyira, ndipo tsiku limenelo anapambana ziwiri, anagonja imodzi. Nkhani ya basi sindinaimvenso, kupatula tsiku limene ananena kuti akadzapita kumudzi kukaona abale, kabokosiko apita nako, akawaonetse a ku Machinga Mswahili wawo.

Pokhala dzanja lawo ndinaphunzira bawo mosafuna. Iwo anazindikira zimenezi ine ndisanazindikire. Lamlungu lina, magetsi alipo, anthu atadzaza, analanda rimoti yachikasu ija kwa atelala n'kuiponya pamwendo panga.

Ndinasewera mwamantha, maso onse ali pa ine. Koma chapakati ndinaona chinthu. Ndikayambira dzenje lachiwiri kumapeto, ndidya, ndizungulira, ndidyanso, ndipo nyumba yawo ipita. Ndinawerenganso ndi maso. Zinali zoona. Kuwala kunaima pa dzenjelo, ndipo chala changa chinalemera. Ndinaganiza za mayi anga, ndi zimene akananena atamva kuti ndagwetsa nyumba ya achimwene awo pamaso pa alendo. Msuweni anali pawindo, akutafuna chingamu.

"Mwamuna wanga wakumudzi," anatero, "dina."

Ndinacheukira amalume. Sankayang'ana TV, ankayang'ana ine.

Ndinadina. Nkhomo zinayenda, kho kho kho, nthawi yaitali, ndipo pomwe zinakagona mbali yawo inali itatsala pang'ono kuyera. Atelala anayamba kanyimbo kawo kaja.

Amalume anatembenukira kwa anzawo, mbali yamoyo ya nkhope yawo ikukwera m'mwamba.

"Mwamuona mwana wa mlongo wanga? Alibe ulemu ngakhale pang'ono." Anakonza rimoti m'zala zawo zitatu. "Khala pomwepo, usathawe. Bwezera."